Apongozi Anga ndi Apilo ya Nkhumba

Nditabwerako ku Ulaya ndi digiri yanga yaikulu, mayi anapha nkhuku ku Kabwata naitana anzawo a kutchalitchi kuti adzaone dokotala. Azimayi aja anabwera ndi matenda awo. Wina anandionetsa bondo lotupa, wina ankafuna kudziwa ngati mapiritsi ake a shuga angamwere tiyi. Ndinayesa kufotokoza kuti udokotala wanga ndi wa mabuku, kuti zaka zonse zija ndinkawerenga ndakatulo ndi nthano zimene azungu ankalemba kalekale, mafumu awo akukhala m'malinga amiyala, asilikali awo akuvala zitsulo thupi lonse ngati mapoto. Mayi wa bondo uja anandimvetsera mpaka kumapeto, kenaka anatsitsa chitenje chake nati, "Basi mwanangu, nizayenda chabe ku kiliniki."

Ntchito ndinaipeza pakoleji ina yaing'ono, yophunzitsa achinyamata kulemba Chingerezi cha mu ofesi. Za mafumu ndi asilikali azitsulo palibe amene anandifunsapo. Ndinkakhala ku Chelstone, m'kanyumba ka kuseri kwa nyumba ya munthu wina wogwira ntchito m'boma, ndipo kumeneko ndi kumene ndinadziwana ndi mkazi wanga, amene ankagwira ntchito m'sitolo ya mankhwala pafupi ndi msika. Zoti bambo ake anali jaji wopuma pantchito anandiuza mochedwa, chikondi chitandilowa kale m'mafupa moti kuthawa kunali kosatheka.

Nyumba yawo inali ku Woodlands. Pabalaza panali mabuku achikopa ofanana misana, ndi kabati yagalasi mmene munkakhala tsitsi loyera lija amavala oweruza. Mkuluyo anapuma pantchito, koma ntchitoyo sinapume mwa iye. Mwana akapempha galimoto sankamuyankha kuti ayi, ankati, "Pempho lakanidwa." Mdzukulu akaswa kapu ankayamba wamufunsa ngati akuvomera mlandu. Ana awo, anthu akuluakulu a mabanja awo, akafika pakhomo ankadutsira kukhitchini kukafunsa mayi awo kuti khoti ladzuka bwanji.

Ankhoswe atatha zawo, tsiku linafika loti ine ndikaonekere. Ndinakhala m'mphepete mwa mpando, manja pamaondo.

"Ndamva kuti ndinu dokotala wa mabuku," anatero. "Amene analemba mabukuwo ali moyo?"

"Ayi, atate. Anamwalira zaka mazana angapo zapitazo."

"Chilankhulo chimene analemberamo alipo akuchilankhula?"

"Chinasintha kwambiri. Masiku ano ngakhale eni ake sachimva."

"Ndiye mukalakwitsa amakudzudzulani ndani?"

Ndinati alipo anthu owerengeka padziko lonse amene angadziwe. Anagwedeza mutu pang'onopang'ono.

"Ntchito yabwino," anatero. "Ine ndikalakwitsa kunali apilo."

Mkazi anandipatsa, koma malo anga m'banjamo anadziwika tsiku lomwelo. Pa Khirisimasi ndinkakhala kumapeto kwa tebulo, pafupi ndi adzukulu. Mkamwini mnzanga, wowerengera chuma pakampani ina, ankafunsidwa maganizo ake pa za dziko. Ine ndinkafunsidwa ngati m'galimoto mwanga mungalowe thumba la makala.

Zinthu zinasintha chaka china pamene nkhani yokonzanso malamulo aakulu a dziko inabukanso, monga imabukira nthawi ndi nthawi. Munthu aliyense mu Lusaka anasanduka katswiri wa konsitityushoni. Pawailesi ankaimba foni anthu a ku Kaunda Square kutchula ndime ndi manambala ake ngati mavesi. M'minibasi yochokera ku Chelstone ndinamva kondakitala akuuza mayi wina kuti, "Ba mayo, mu konsitityushoni yanyowani tizaikamo kuti nsomba siziloledwa kukwela pa mpando wa kusogolo." Mayiyo anayankha kuti ufulu wa nsomba zake unalimo kale.

Bungwe lina la maloya ndi aphunzitsi a zamalamulo linakonza msonkhano pahotela ina m'tauni, mutu wake wonena za ufulu wa oweruza. Anaitana apongozi anga kuti akalankhule. Anaitananso jaji wina wopuma wa ku Kabulonga, ndipo vuto linagona pamenepo. Awiriwa anagwirira limodzi ntchito zaka zambiri. Pa mlandu wina waukulu anasiyana maganizo, oweruza anzawo ambiri anatsata wa ku Kabulonga, ndipo polemba chigamulo iye anati maganizo a mnzake ndi osangalatsa. Liwu limodzi limenelo apongozi analisunga ngati munga m'phazi. Akakumana pamaliro ankapatsana moni kudzera mwa akazi awo.

Tsiku lina foni yanga inalira, ndikuona ndi apongozi. Chikwatirireni anali asanandiimbirepo.

"Akamwini, mukaonekere kuno Loweruka m'mawa."

Ndinafunsa mkazi wanga ngati anakadandaula chilichonse kwawo. Anati ayi, koma ngati ndikudziwa kanthu ndinene msanga.

Ndinawapeza pansi pa mtengo wa kotapela kuseri kwa nyumba, atavala jekete ngakhale kunali dzuwa la Okutobala.

"Munthu wa ku Kabulonga uja amamenya anthu ndi Chilatini," anayamba motero. "Akasowa mfundo amatulutsa mawu a Chilatini, anthu n'kuomba m'manja chifukwa choopa kuoneka mbuli. Ine ndikufuna chinthu chakale chimene iye sanachimvepo. M'mabuku anu muli chiyani chokhudza oweruza?"

Funso limenelo ndinali nditalidikira kuyambira tsiku limene ndinatsika ndege. Ndinayamba ndi zoti alakatuli akale ankakumbutsa mfumu kuti nayonso ili pansi pa lamulo. Anati zimenezo amaphunzitsa chaka choyamba kusukulu ya zamalamulo. Ndinawauza za ndakatulo zoseka oweruza okonda mphatso. Anati zimenezo akazinena pagulu ena aziyesa akuwanena. Ndinafotokoza mmene woganiziridwa mlandu ankamugwiritsa chitsulo chamoto, chilonda chikapola bwino ndiye kuti alibe mlandu.

"Mwabvi umenewo," anatero. "Ndiye azunguwa anabwera kudzatiletsa zimene iwo anatopa nazo?"

Atatero maso awo anayamba kulemera. Ndinaona mwayi wanga ukulowa m'tulo, ndipo pofuna kungowadzutsa ndinatchula kanthu kamene kwa ife ophunzira zakale n'kongosekera pa tiyi: kuti nthawi imeneyo makhoti ankazenga milandu ngakhale nyama. Ndinati m'tauni ina nkhumba yaikazi inapha mwana wakhanda, inamangidwa pamodzi ndi ana ake, inaweruzidwa, n'kunyongedwa.

Maso aja anatseguka.

"Inaweruzidwa ndi ndani?"

"Ndi woweruza weniweni, atate, m'khoti."

"Podikira mlandu ankaisunga kuti?"

"M'ndende, momwe ankasunga anthu."

"Mlandu anaiwerengera m'chilankhulo chanji? Inavomera kapena inakana? Inali ndi loya?"

Ndinati nyama zina zinkapatsidwa owaimirira, koma za iyiyi sindikutsimikiza. Anandiyang'ana ngati wapolisi amene wabwera m'khoti wopanda umboni.

"Nanga ana ake?"

"Anawamasula. Panalibe umboni woti anadya nawo, komanso anali aang'ono."

Apongozi anaimirira, nazungulira mtengo, manja kumbuyo.

"Ndiye khoti limenelo linavomereza kuti nkhumba ingathe kukhala yosalakwa," anatero. "Likavomereza zimenezo, liyenera kuipatsa zonse zimene woimbidwa mlandu amapatsidwa. Akamwini, apa pali apilo."

Kuyambira pamenepo Loweruka lililonse ndinkapita ku Woodlands. Ndinkanyamula mabuku a ndakatulo, ndikuyembekeza kuti nkhumba ikhala chiyambi chabe, kenaka tifika pa zenizeni. Mabukuwo ankangogwira ntchito yopsinja mapepala kuti asauluke ndi mphepo. Chimene chinayamba ngati nkhani yokakamba pamsonkhano chinasanduka chigamulo cha khoti la apilo, chokhala ndi chiyambi cha mlandu, mfundo za mbali zonse, ndi maganizo a khoti. Iwo ankalemba pamanja, ine n'kukataipa kunyumba. Ndikasintha liwu limodzi ankalipeza.

Nyama ya nkhumba anasiya kudya. Tsiku lina apongozi aakazi anakazinga masoseji, mkuluyo anakankha mbale nati nkhani ili m'khoti, sangakhudze wachibale wa wodandaula. Mayiwo anandiyang'ana ine, osati amuna awo.

"Akamwini, m'nyumba muno tinkakhala bwino," anatero. Masosejiwo anadya ndi adzukulu.

Sindinganame, m'kati mwa misalayo munali nzeru. Loweruka lina anandiuza kuti ndiike pansi cholembera.

"Taganizani," anatero. "Mwana wafa. Mudzi wonse uli pakhomo pa khoti, ukufuna magazi. Mwini dera akufuna bata. Mwini nkhumba, amene anaisiya ikuyendayenda, ndi munthu wodziwika. Woweruza akuyang'ana uku ndi uku, akuona kuti pa onsewa amene alibe abale ndi nkhumba. Phokoso la pakhomo limenelo ndimalidziwa. Woweruza akayamba kulimvera, amapeza nkhumba nthawi zonse."

Ndinawauza kuti mfundo imeneyo ndiyo ikhale mtima wa nkhani yonse, zina zija tichepetse. Anati pempho lakanidwa, ndipo anaiika pa tsamba lakumapeto, pambuyo pa mtsutso wautali wokhudza ngati kulira kwa nkhumba kungatengedwe ngati kukana mlandu.

Inenso ndinali ndi njala yanga. Ndinkafuna dzina langa lioneke pamwamba, pafupi ndi lawo, kuti aphunzitsi a ku yunivesite adziwe kuti ku Chelstone kuli munthu. Ndinazungulira nayo nkhaniyo kwa masabata, kenaka ndinaitula mwaulemu.

"Munaonapo dzina la mboni pamwamba pa chigamulo?" anafunsa.

Komabe anandikomera mtima. M'munsi mwa tsamba lina, m'timalemba tating'ono, analemba kuti khoti likuthokoza wachibale wina amene amawerenga mabuku akale.

Tsiku la msonkhano ndinavala taye yatsopano n'kuwatenga pagalimoto yanga. Tinachedwa pamzere wa magalimoto polowa m'tauni, koma titafika tinapeza wapampando akadali pa malonje, akutchula olemekezeka mmodzimmodzi ndi maudindo awo, kuphatikizapo amene sanabwere. Aliyense anapatsidwa kachikwama, cholembera ndi botolo la madzi. Pulofesa wina anawerenga nkhani yake osadzutsa mutu, mawu ake aatali ngati sitima ya katundu. Mzungu wina wochokera kunja anati wabwera kudzamvetsera mawu a anthu a mu Afirika, ndipo analankhula nthawi yaitali kuposa wina aliyense.

Kenaka anaimirira jaji wa ku Kabulonga, munthu wamfupi, wonenepa, wa mawu okoma. Ziganizo zake zinkayamba m'Chingerezi n'kuthera m'Chilatini, ndipo pothera paliponse anthu ankang'ung'udza movomereza. Mayi amene anakhala pafupi nane ankalemba mawuwo mmene akumvekera. Atamaliza, m'manja munaombedwa kwa nthawi, ngakhale sindikukhulupirira kuti analipo akanatha kubwereza chimene chinanenedwa.

Apongozi anakwera pansanja, napukuta magalasi awo, nayang'ana anthu mpaka holo yonse inati zii.

"Mlandu umene uli pamaso pathu," anatero, "ndi wa nkhumba."

Ena anaseka. Ataona kuti mkuluyo sakuseka, analeka. Anawerenga chigamulo chonse, tsamba ndi tsamba. Ndipo ndinaona chinthu chimene sindinachiyembekezere. Anthu anayamba kugwirana m'zigongono. Atolankhani amene ankasewera ndi mafoni anayamba kulemba mothamanga. Pamene anati nkhumbayo inamangidwa kuti anthu aakulu apume, bambo wina kumbuyo anati, "Eya!" Pamene anatchula ana a nkhumba amene anamasulidwa, anthu anayang'anana ngati akuwadziwa anawo ndi kumene amakhala. Holo yonse inagwirizana kuti nkhalambayo ikuphiphiritsa, kuti ikunena munthu wina wamkulu, kapena chipani, kapena dziko lenilenilo. Atanena kuti khoti likuphwanya chigamulo choyamba ndipo nkhumba ilibe mlandu, anthu anaimirira.

Nthawi ya mafunso mtolankhani wachinyamata anafunsa, "Bwana jaji, kodi nkhumbayi ikuimira ndani?"

"Nkhumba ikuimira nkhumba," anayankha apongozi.

M'manja munaombedwanso kuposa poyamba. Mayi wa pafupi nane anandinong'oneza kuti, "Aba ndiye amuna. Saopa."

Mmodzi yekha m'holomo ndi amene anamva nkhaniyo monga mmene mwini wake anailembera. Jaji wa ku Kabulonga anaimirira osadikira kupatsidwa mwayi, nkhope ili gwaa.

"Mnzanga wolemekezeka walakwitsa kuyambira pakhomo," anatero. "Khoti lake lilibe mphamvu pa mlandu wa dziko lina. Chachiwiri, nthawi yochita apilo inatha zaka mazana apitawo. Chachitatu, wodandaula ali kuti? Ndani anamutuma mnzangayu?"

"Chilungamo sichikalamba," anatero apongozi.

"Koma mapepala amakalamba!"

Aka kanali koyamba m'zaka zambiri kuti awiriwa alankhulane popanda akazi awo pakati. Wapampando anayesa kulowererapo koma onse awiri anamuuza kuti akhale pansi, iye n'kukhaladi. Mtsutso utafika pa funso loti nkhumbayo inali ndi loya kapena ayi, apongozi anatambasula dzanja kuloza kumene ndinakhala.

"Ndili ndi mboni yodziwa za nthawi imeneyo. Dokotala, imirirani."

Anali asanandiitanepo kuti dokotala. Ndinaimirira. M'mutu ndinali nditakonza kale mawu okhudza ndakatulo, mafumu ndi lamulo, amene ndinawasunga zaka zonsezi. Mtsikana wina anandipatsa maikolofoni, ndipo ndisanatsegule pakamwa jaji wa ku Kabulonga anali atayamba kale.

"Nkhumba imeneyi munaiona?"

"Ayi, bwana."

"Mapepala a khoti limenelo munawagwira ndi manja anu?"

"Ayi. Ndinawerenga m'buku la munthu amene anawaona."

"Ndiye mukutiuza zimene munamva kwa munthu amene anamva kwa mapepala. Ndinu ndani kwa mnzangayu?"

Ndinayang'ana apongozi. Iwo ankayang'ana kudenga.

"Ndine mkamwini wawo."

Holo inagwa ndi phwete. "Ndilibenso mafunso," anatero wa ku Kabulonga, ndipo mtsikana uja anadzatenga maikolofoni. Zimene ndathandizapo pa maphunziro a malamulo aakulu a dziko lino ndi zomwezo.

Anthu akupukuta misozi, loya wina wamkazi, wachitsikana, anaimirira kumbuyo. Anati ali ndi munthu amene wakhala m'ndende nthawi yaitali kudikira kuti mlandu wake uyambe, ndipo pomvetsera waona kuti nkhumba ija inaweruzidwa msanga kuposa iye. Anafunsa ngati akuluakuluwo angamulangize chochita. Wapampando anati limenelo ndi funso lofunika kwambiri, moti lipita ku komiti imene idzakhazikitsidwe, koma pakali pano a hotela akuti chakudya chikuzizira. Anthu anatuluka mwachangu. Pamzere wa chakudya ndinaona apongozi akuloza nthiti za nkhumba. Anati mlandu watha.

Masiku otsatira nyuzipepala ina inalemba kuti jaji wopuma wadzudzula akuluakulu mopanda mantha, koma sinanene kuti akuluakulu ake ati. Abale a ku Chipata anaimba kufunsa ngati mkuluyo ali bwino, ndi ngati kuli kofunika kuti akabisale kumudzi kwa kanthawi. Ku Woodlands anthu amene kale ankangodutsa anayamba kuimitsa magalimoto kuti awagwire chanza. M'minibasi ndinamva amuna awiri akukangana za mwini nkhumba. Wina ankati ndi nduna, wina ankati ndi bishopu. Ndinafuna kuwauza kuti inali nkhumba yeniyeni, yamiyendo inayi, koma ndinadziwa kuti andiyesa kazitape.

Nanenso ndinatchuka pang'ono. Koleji ina ya zamalamulo inandipempha kuti ndiziphunzitsa kalasi imodzi ya malamulo ndi zolembalemba zakale. Tsiku loyamba ndinafika ndi ndakatulo zanga, ophunzira anandilola kulankhula pang'ono, kenaka wina anakweza dzanja nati, "Ba dokota, tiuzeni ija ya nkhumba." Bambo wina woweta nkhumba cha ku Chongwe anapeza nambala yanga, nandiimbira kuti ziweto zake zikutsokomola.

Loya wachitsikana uja ndinadzakumana naye pa ukwati wina ku Libala. Anati mlandu wa munthu wake unadzalowa m'khoti patapita nthawi, ndipo unatha m'mawa umodzi chifukwa mboni zinali zitabalalika. Za komiti ija anati sanamvepo kanthu.

Koma chachikulu chinachitika ku Woodlands. Loweruka lina tili pansi pa mtengo, kunja kwa geti kunalira hutala. Anali jaji wa ku Kabulonga, atanyamula envulopu yaikulu. Anati walemba chigamulo chotsutsa, ndipo sakanachitumiza ndi munthu chifukwa anthu a masiku ano amataya zinthu. Apongozi aakazi anatulutsa makapu amene ankasungira alendo a ku tchalitchi. Nkhalamba ziwirizo zinakhala moyang'anizana, ndipo pofika madzulo zinali zitakangana za mphamvu za khoti, za tanthauzo la liwu loti munthu, ndi za amene anali woyamba kugona pa mlandu wina wa malire a munda kalekale. Pochoka, wa ku Kabulonga anati adzabweranso kudzamva yankho.

Anabweradi, Loweruka lililonse. Ankabwera ndi mabisiketi opanda shuga, apongozi n'kumati ndi ouma ngati mfundo zake. Ine poyamba ankandiitana kuti nditsimikize zina ndi zina, koma posakhalitsa anaona kuti mbiri yeniyeni ikuwasokoneza. Ndikati zimenezo sizinachitike, onse awiri ankandiyang'ana mofanana. Pang'ono ndi pang'ono mpando wanga unasunthira kukhonde, kenaka kukhitchini, kumene apongozi aakazi anandiuza kuti andikhululukira chifukwa amuna awo ayambanso kudya bwino ndipo sakuzenganso adzukulu milandu.

Zinayenda choncho kwa zaka zingapo. Nkhumba ija inamasulidwa, inamangidwanso, inatumizidwa kukhoti loyamba kuti mlandu ukayambirenso. Kenaka jaji wa ku Kabulonga anadwala matenda oumitsa ziwalo, pakamwa n'kutsekeka. Ndinawaperekeza apongozi kukamuona. Anatenga mapepala, nakhala pambali pa bedi, nayamba kumuwerengera yankho lawo latsopano. Wodwalayo ankangowayang'ana. Atafika pakati pa tsamba apongozi analeka, napinda mapepala.

"Sizikukoma," anatero. "Munthu uyu pano akanakhala atandidula kale."

Wa ku Kabulonga uja anamwalira nyengo yozizira. Banja linapempha apongozi kuti alankhule kumanda, ndipo tonse tinagwira mtima. Apongozi aakazi anawauza m'galimoto kuti akangotchula chiweto chilichonse abwerera wapansi. Olankhula ena anatamanda Chilatini cha malemu, wina mpaka anayesako mawu awiri n'kutsamwa. Apongozi sanatchule za malamulo n'komwe. Anasimba za nthawi imene onse awiri anali mamejasitiriti achinyamata, galimoto yawo itatitimira m'matope cha ku Petauke, mvula ikugwa. Iwo anatsika kukakankha, ndipo malemu, amene anakana kutsika, anavula masokosi ake ouma n'kuwapatsa. Anati masokosiwo sanabweze. Atatero anakhala pansi.

Kwa milungu ingapo ku Woodlands kunali zii. Mkuluyo ankakhala pabalaza, wailesi ikulankhula yokha. Mdzukulu wina anaswa mbale dala pamaso pawo, iwo anangoti asese. Mkazi wanga anayamba kuda nkhawa, ndipo tsiku lina anandiuza kuti, "Iwe ndi amene unayambitsa. Pita ukapeze china."

Ndinafufuza m'mabuku anga, ndipo Loweruka lotsatira ndinawauza za makoswe amene anaitanidwa kukhoti la tchalitchi chifukwa chodya mbewu za alimi. Makoswewo sanabwere, ndipo wowaimirira anati sakanatha kuyenda ulendo wotere m'njira modzaza amphaka. Apongozi anamvetsera maso ali pansi. Patapita kanthawi anafunsa ngati masamoni anaperekedwa kwa khoswe aliyense payekha kapena anangowerengedwa pagulu. Ndinati anawerengedwa m'matchalitchi.

"Makoswe amapemphera?" anafunsa.

Anaitanitsa jekete, natuluka kupita kuseri. Kumeneko anandilozera mpando umene unkakhala wa mnzawo uja, nati iwo aimira makoswe, ine ndiimire alimi, ndipo ndisayerekeze kuwavomereza chifukwa cha ulemu.

Ntchito imeneyo ndi yovuta kwa mkamwini. Ndikawatsutsa mwamphamvu, lilime limandilemera. Ndikagonja msanga, amaimbira mkazi wanga kudandaula kuti anakwatiwa ndi munthu wopanda msana. Ndayamba kuwerenga mabuku achikopa aja usana wa Lachisanu kuti ndipezemo pogwira. Mlandu wa makoswe tikadali nawo, ndipo mmene zikuonekera alimi anga aluza.